A Gogomole ndi Katani Yosafuna Msomali

Khalani chete, inu a m'nyumba za lendi ndi inu eni ake a nyumbazo, ndipo mumve za masiku aja amene dziko linayamba kutaya ulemu wake: masiku amene mafoni anathothoka mabatani n'kusanduka tigalasi tosisita ndi chala, amene mipando inayamba kufika m'mabokosi ili ziwalo zokhazokha, amene ana anayamba kufunsa nzeru kwa foni bambo awo ali pompo, amoyo, akupuma. M'nyengo yoopsa imeneyo, m'chaka chimene dzuwa linkawomba ngati pali amene analilakwira, munabuka nkhondo imene mpaka lero wosoka nsapato wa pakona saifotokoza asanavule chipewa.

Ngwazi ya nkhondoyo inali kalipentala wopuma pa ntchito, amene dzina lake lenileni linatsala pa chiphaso pokha, pakuti anthu onse, ngakhale akazi awo pa tsiku labwino, ankawatchula kuti a Gogomole, potengera mbalame ija imene singaone mtengo osaugogoda. A Gogomole, Mliri wa Makoma, Wokhetsa Fumbi la Njerwa, iwo amene konkire inkachita thukuta ikangomva kutsokomola kwawo! Chida chawo chinali choboolera cha magetsi, chofiira, cholemera ngati mwana wa miyezi isanu, ndipo anachipatsa dzina lakuti Nankafumbwe. Nankafumbwe ankagona m'bokosi lachitsulo, pa kansalu kofewa, mano ake khumi ndi awiri atandanda pambali pake malinga ndi msinkhu.

Tsono a Gogomole anali ndi lamulo limene palibe anawapatsa. Mwana wawo aliyense akalowa m'nyumba yatsopano, Loweruka loyamba iwo ankafika ndi Nankafumbwe n'kuboola: apa pa katani, apa pa galasi, apa pa shelefu, apa pa chithunzi cha ukwati, ndipo apa poti mwina tsiku lina mudzapafuna. Nyumba zisanu za ana asanu anazigonjetsa motero. M'nyumba yachitatu anaboola paipi ya madzi, khoma n'kutumphuka kasupe ngati m'masiku a aneneri, koma zimenezo pabanjapo sazitchula. Chisiyireni ntchito, manja atayamba kunjenjemera pang'ono pogwira kapu, Loweruka la mtundu umenewu ndilo linkawatsimikizira kuti akadali munthu wofunika. Ndipo linali litatsala limodzi lokha, pakuti mzime wawo, mphunzitsi wofatsa amene ngakhale ana a m'kalasi mwake ankamumvera chisoni, anali atangokwatira namwino n'kupeza nyumba ya pamwamba, yokwera masitepe makumi atatu ndi awiri.

Loweruka lija linafika. A Gogomole anavala ovolosi yochapa, pensulo kukhutu, tepi m'chiuno, nakwera masitepe onsewo osapumira, kuopa kuti masitepewo angakawanene. Anapeza mzime atatulutsa kale bedi ndi matiresi n'kuziimika pabalaza, kuti chipinda chogona chisiye kaye kukhala chipinda, bambo alowemo opanda manyazi. Zenera la chipindacho linali lalikulu, loyang'ana kumsewu, ndipo dzuwa linkalowera pamenepo ngati kwawo.

"Soketi ili pati?" anafunsa a Gogomole, moni asanapereke.

Mzime anati, "Bambo, kungoti pali kankhani pang'ono."

"Kankhani kadikire. Soketi."

"A landilodi anakana, bambo. Akuti m'khoma lawo musalowe kanthu, ngakhale msomali wa kalendala. Akapeza chibowo chimodzi, tisamuke mwezi womwewo. Tinasaina."

"Munasaina." A Gogomole anabwereza mawuwo pang'onopang'ono, monga mkulu wa asilikali amene wamva kuti mlatho wagwa m'manja mwa adani. "Mwana wanga, wokwawira pa utuchi, wasaina kuti khoma lisakhudzidwe."

Apa m'pamene analowa namwino, mpongozi wawo, Wobaya Mosaphethira, Mlonda wa Odwala, mkazi wamfupi wolankhula motsitsa, amene ankagwira ntchito usiku n'kumagona masana, kapena tinene kuti kuyesa kugona. M'manja ananyamula bokosi lalitali, lopyapyala ngati la ambulera.

"Mwafika bwino, bambo? Lero musavutike, mungokhala mumwe tiyi. Ndapeza katani iyi. Siifuna kuboola."

A Gogomole anayang'ana bokosi lopyapyala lija ngati muli njoka.

"Apongozi," anatero a Gogomole, "mwina makutu anga akalamba. Mwati siifuna chiyani?"

"Kuboola, bambo. Imalowa m'kati mwa felemu ya zenera. Kachitsulo kake ka pamwambaka kali ndi mphira uku ndi uku. Mukakalowetsa mumapotokola apa, ndiye kamatalika n'kukankha felemu mbali zonse ziwiri mpaka kugwira. Mukafuna mdima mumakokera nsaluyi pansi, mukafuna kuwala mumaikweza. Tikamadzasamuka tidzangoichotsa, khoma osadziwa kanthu."

A Gogomole anaika Nankafumbwe pansi, naima pakati pa chipinda, nalankhula mawu amene a nyumba ya pansi anawamva ali kubafa:

"Imvani, inu makoma anayi, ndi iwe denga! Zaka makumi anayi ndakhala ndikupachika zinthu, ndipo chimene ndinaphunzira ndi ichi: chilichonse cha pansi pano chimafuna kugwa. Shelefu imafuna kugwa. Galasi limafuna kugwa. Ngakhale munthu amafuna kugwa. Chimene chimaletsa dziko kugwa ndi chibowo, ndi msomali wolowa m'chibowomo! Chinthu chopanda msomali ndi mlendo, ndipo mlendo ndi mame. Kodi denga limagwira ndi mphira? Kodi sitima ya pamadzi anaimanga popotokola apa?"

"Ayi, bambo," anayankha namwino mwaulemu. "Koma iyi ndi katani."

Anakwera pampando, nalowetsa kachitsulo kaja m'kati mwa felemu, napotokola kasanu. Kunamveka kaphokoso kakang'ono, konga ka munthu wothyola chala. Anakoka nsalu yake yotuwa, ndipo inatsika bwinobwino mpaka pansi pa zenera, yokwana ndendende ngati chivundikiro pa poto. Dzuwa linatsala panja. A Gogomole, amene anayang'ana wotchi mosafuna, anaona kuti zonsezo zatenga mphindi zinayi. Ntchito yomweyo iwo ankaigwira tsiku lathunthu, kuphatikizapo nkhomaliro.

"Igwa," anatero. "Lachitatu silidutsa. Ndipo ndikulumbira pa levulo yanga yoyezera kuwongoka kwa zinthu kuti m'nyumba ino sindimwamo tiyi, ngakhale madzi, kufikira tsiku limene chinthu ichi chidzagwe."

"Bambo, tiyi wapsa kale," anadandaula mzime, amene pa nkhondo yonseyi anali udzu uja umavutika njovu zikamamenyana.

Koma Mliri wa Makoma anali atanyamula kale bokosi lawo. Anatsika masitepe makumi atatu ndi awiri aja, ndipo Nankafumbwe, amene sanalawe ngakhale fungo la magetsi, ankalemera kuposa pokwera.

Lolemba m'mawa anamanga msasa. Tsidya la msewu, moyang'anizana ndi zenera la adani, panali wosoka nsapato, munthu wa diso limodzi lofooka ndi maganizo pa nkhani iliyonse, amene anali ndi benchi yokhalapo makasitomala. A Gogomole anakhala pabenchipo, bokosi pakati pa miyendo, maso m'mwamba.

"Mukudikira basi, madala?" anafunsa wosoka nsapato.

"Ndikudikira chilungamo."

"Chimenecho chimachedwa kuposa basi. Sunthirani kuno, kuli mthunzi."

Atamva nkhani yonse, wosoka nsapato analowa nawo usilikali nthawi yomweyo, pakuti nayenso anali ndi chakukhosi ndi nsapato za masiku ano zomata ndi guluu. Awiriwo anayang'ana zenera lija tsiku lonse, akukumbutsana kuti kuona maso a nkhono n'kudekha. Masana kunadutsa lole ya miyala imene inagwedeza magalasi a msewu wonse, katani sinagwedezeke. Lachiwiri kunabwera chimphepo chimene chinalanda wosoka nsapato chipewa n'kukachisiya padenga la ogulitsa mankhwala. Katani inangokhala phee. Lachitatu linafika, linakhala, linapita. A Gogomole anafotokozera gulu lawo la nkhondo, la munthu mmodzi, kuti iwo sananene Lachitatu liti.

Lachinayi, cha m'ma teni, anakweza maso n'kuona zenera lili mbee, galasi lokhalokha.

"Yagwa!" anakuwa. "Yagwa, mwana wa mayi!"

Mbiri imati masitepe aja anawakwera awiriawiri, bokosi lili paphewa. Anagogoda chitseko ndi chibakera. Namwino anatsegula, m'manja muli kansalu konyowa.

"Takulandirani, bambo. Kwagwanji?"

"Funso limenelo ndi langa," anatero a Gogomole akupuma mwawefuwefu. "Ili kuti?"

"Katani? Ndaikweza, bambo. Lero ndili pa ofu, ndikupukuta galasi. Ndikuikireni madzi a tiyi?"

A Gogomole anatembenuka n'kutsika. Wosoka nsapato, poona nkhope yawo, anangowapatsa nsapato imodzi kuti agwirizire pamene iye akusoka, kuti manja awo akhale ndi chochita.

Koma bala lalikulu la nkhondo imeneyi silinachokere kwa adani. Lamulungu madzulo a Gogomole analowa m'khitchini ya nyumba yawo yomwe kukafuna madzi akumwa, naima chilili. Pa zenera la khitchini, m'kati mwa felemu, panali katani yotuwa, yopanda msomali, mng'ono wake wa ija. Pansi pake panakhala akazi awo, Wopirira wa Zaka Makumi Anayi ndi Zitatu, akusenda anyezi mumthunzi.

"Mayi a ana, ichi n'chiyani?"

"Katani."

"Yalowa bwanji muno?"

"Pakhomo."

"Wapachika ndani?"

"Ine. Apongozi anandilangiza pa foni. Ndinapotokola kasanu."

"Mwatsegulira adani chipata! Ine ndili kunkhondo, ndikupsa ndi dzuwa pabenchi ya mwini, inu kuno mukulandira akazitape m'likulu!"

Mayiwo sanasiye kusenda. "Abambo, zaka zisanu ndi zinayi ndakhala ndikupempha katani ya zenera ili. Mwaboola nyumba zisanu za ana, mwaboola shopu ya ometa, mwaboola ngakhale kwa anthu amene sanakupempheni. Ine kuno ndimasenda anyezi dzuwa lili m'maso. Misozi ina si ya anyezi."

"Ndinati ndidzachita Loweruka."

"Munaterodi. Kungoti simunanene Loweruka liti."

M'mawa mwake, mayi atapita kumsika, a Gogomole anatseka chitseko cha khitchini n'kutsala awiri ndi mdani. Anaikoka. Sinagwe. Anamenyetsa chitseko cha kabati katatu. Sinagwe. Anakoleka jekete lawo pa kachitsulo kaja, kenako chikwama cha zida. Inanyamula zonse osadandaula. Pomaliza anapotokola chobwerera, naichotsa, naiika patebulo ngati wodwala, naisuzumira m'kati atavala magalasi. Munali sipuling'i yolimba ndi mazinga osalala, ntchito ya munthu amene anakhala pansi n'kuganiza. Anatenga tepi nayeza felemu ya zeneralo, imene anaipanga okha zaka makumi atatu zapitazo: pamwamba ndi pansi panali pofanana, osasiyana ngakhale ndi tsitsi limodzi. Ndipo anazindikira chinsinsi cha mdani: katani yotere siidalira mphira, imadalira kalipentala amene anapanga felemu. Mumtima mwawo munalowa kanthu konga ulemu, koma anakabisa msanga, nabwezera katani pamalo pake, napotokola kasanu, napita kubenchi osauza munthu.

Tsopano tafika pa Lachitatu lachiwiri, tsiku lakhumi ndi chiwiri la nkhondo, limene dzuwa linatuluka litakwiya kale. Cha m'ma naini, a Gogomole ndi wosoka nsapato anaona ndi maso awo atatu katani ija ikupendama mbali ya kumanja, ikuzengereza pang'ono ngati munthu wofuna kutsanzika, kenako n'kuzimirira pansi pa zenera.

Wosoka nsapato anaimirira, nakweza hamala m'mwamba. "Lachitatu!" anafuula. "Munanena, madala! Ndinu mneneri!"

A Gogomole, atachenjera ndi za Lachinayi lija, sanathamange. Anaona manja a namwino akubwezera katani. Patapita theka la ola, inagwanso. Anaibwezeranso, inagwanso. Kachitatu sinabwererenso. Dzuwa linalowa m'chipindamo ndi katundu wake yense.

Itatsala pang'ono kukwana thwelofu, chitseko cha pansi chinatseguka, ndipo namwino anawoloka msewu atavala masilipasi. Wamva m'mimba ndiye atsegula chitseko. Anaima patsogolo pa benchi, maso ali psuu, tsitsi litapendekera mbali imodzi.

"Bambo, mwapambana. Yagwa katatu." Mawu ake anali otsika ngati kale. "Tisanaipeze katani ija ndinatha masiku asanu ndikugona ndi thaulo kumaso. Itabwera ndinagona ngati munthu. Lero sindinatseke chikope, ndipo madzulo ano ndili ndi ana khumi ndi anayi m'wodi, aliyense ndi mankhwala ake, aliyense ndi muyezo wake. Munthu wosagona amawerenga zisanu pamene palembedwa ziwiri. Ine sindikufuna kudzaphunzira zimenezo pa mwana wa mwini. Kwerani mukaboole. A landilodi akatithamangitsa, tidzaona kolowera."

Chimenechi ndicho chigonjetso chimene Wokhetsa Fumbi la Njerwa anachilota masiku khumi ndi limodzi, ndipo chinafika monga momwe anachilotera, mdani atagonja pamaso pa mboni. Koma m'kamwa mwawo munangomveka utuchi. Anakumbukira kuti mzime anayenda miyezi isanu ndi umodzi kufunafuna nyumba imeneyi, yoyandikira chipatala, kuti mkazi wake asamayende mtunda wautali akaweruka. Anayang'ana mpongozi wawo, naona kuti masilipasi wavalawo ndi osiyana mtundu, ndipo iye sakudziwa.

"Tsogolani, apongozi," anatero. Kwa wosoka nsapato anati, "Tseka ofesi. Tenga mpeni wako ndi guluu."

Pakhomo la chipinda chogona, momwe tsopano bedi linali m'malo mwake, a Gogomole anaima nalengeza kuti, "Ndikulowa muno ngati kalipentala, osati ngati mpongozi," ndipo analowa maso ali pa zenera pokha. Bokosi la Nankafumbwe sanalitsegule. Anasolola tepi. Anayeza pansi pa felemu, nalemba pa chikhatho. Anayeza pamwamba, nalembanso. Anayezanso kachiwiri, ndipo nkhope yawo inada ngati mitambo ya mvula ya matalala.

"Apongozi, katani yanu ilibe mlandu."

Namwino anaganiza kuti tulo tayamba kumumvetsa zinthu. "Mwati bwanji, bambo?"

"Ilibe mlandu! Felemu iyi anaipanga ndi thabwa laliwisi. Dzuwa la masiku ano laliumitsa, thabwa lafota, ndipo kumwambaku kwakula ndi theka la chikhadabo. Kachitsuloka katalika mpaka pothera mazinga ake, kakufunafuna chogwira, osachipeza." Anatembenukira kuzenera, natambasula dzanja kuloza mzinda wonse. "Iwe kalipentala wosadziwika, kulikonse kumene uli, wochititsa manyazi pensulo, wodula thabwa likadali ndi masamba! Macheka ako abunthe! Tepi yako ikane kubwerera m'chikho chake! Iwe ndiwe mdani, ndipo takhala tikumenyana tokhatokha chifukwa cha iwe!"

Motero magulu awiri a nkhondo anagwirizana pa munthu amene panalibe, monga zimakhalira pa mtendere wambiri wa pansi pano.

Chofunika chinali kathabwa kakang'ono, kopyapyala mbali imodzi, kotseka mpata uja. Wosoka nsapato, mtima utatentha ndi usilikali, anapereka benchi yake kuti adulepo nsonga, ndipo anayamba kudandaula macheka atalowa kale. A Gogomole anakapala kathabwako ndi mpeni mpaka kanasalala ngati sopo, ndipo manja awo, amene ankanjenjemera pogwira kapu, pa thabwa sananjenjemere. Wosoka nsapato anamatapo kachidutswa ka mphira ya kunsi kwa nsapato kuti kasaterereke.

Koma asanakalowetse, pamasitepe panamveka kulira kwa makiyi ambiri. Anali a landilodi, Mtetezi wa Makoma Osakhudzidwa, mayi wamtali wokhala m'nyumba ya pansi, amene anaona bokosi lachitsulo likukwera masitepe ndipo anaimbira foni mzime kusukulu. Mzimeyo anali kumbuyo kwawo, choko chili pa thalauza, nkhope ngati ya munthu woitanidwa kudzaona nyumba yake ikupsa. Kumbuyo kwa mzime kunali mayi a ana, amene anabweretsa mapiritsi a masana kubenchi n'kupeza benchi yafupika ndipo palibe munthu.

"Bokosi limenelo ndikulidziwa," anatero a landilodi ataima pakhomo. "Ndi mwini wake ndikumudziwa. Nyumba ija munaboola paipi ndi ya mlamu wanga. Masiku atatu tinkakapa madzi ndi mabeseni. Lamulo la m'nyumba ino ndinaliika chifukwa cha inu."

Pa zaka makumi anayi, ambiri anawayamika a Gogomole, ena anawatukwana, koma kuti pakhale lamulo lolembedwa, losainidwa, chifukwa cha iwo okha, ulemu wotere anali asanaulandirepo. Anawongola kolala ya ovolosi.

"Mayi," anatero, "paipi ija inali pamalo olakwika."

Nkhondo ikanabukanso pomwepo pakanapanda mayi a ana, amene anaika mapiritsi m'dzanja la amuna awo n'kukhala pakati ngati mkhalapakati wa mayiko. Zokambirana zinatenga mphindi makumi awiri, ndipo pangano la mtendere, limene mzime analilemba kuseri kwa pepala la mayeso, linali ndi mfundo zinayi. Yoyamba: khoma silikhudzidwa, lero ndi kunthawi zonse. Yachiwiri: katani ikhala, koma onse avomereze poyera kuti yaima mwa chifundo cha kalipentala. Yachitatu: Nankafumbwe, amene wakwera masitepe makumi atatu ndi awiri katatu konse, sangatsike osalankhula, choncho aboole chibowo chimodzi pa kathabwa kaja, kamene si khoma ndipo si ka a landilodi. Yachinayi: tiyi.

"Tsono chibowocho ntchito yake n'chiyani?" anafunsa a landilodi.

"Ntchito ya chibowo ndi kukhala chibowo, mayi."

Mwambowo unachitikira pakhonde. Kathabwa anakaika m'mphepete mwa sitepe, wosoka nsapato atakaponda ndi phazi. A landilodi anaima pa soketi, chala chili pa switchi, okonzeka kuzimitsa ngati dzino la Nankafumbwe lingayang'ane kukhoma. A Gogomole anatsegula bokosi, nasankha dzino laling'ono kwambiri mwa khumi ndi awiri aja, nalionetsa kwa mboni zonse. Ndipo Nankafumbwe analira, kulira kwa masekondi awiri, kumene nkhunda za padenga zinakumva n'kuuluka. Fumbi la utuchi losadzaza supuni linagwa pansi, ndipo a landilodi analiyang'anitsitsa kuti atsimikize kuti mulibe simenti.

Kathabwako kanayenda m'manja mwa onse kuti aliyense asuzumire pa chibowocho. Mzime anati akuona mtendere. Mayi a ana anati akuona mashati osasita pa chingwe cha a nyumba yoyandikana. Wosoka nsapato anati sakuona kalikonse, ndipo anamuuza kuti asinthe diso. Kenako a Gogomole analowetsa kathabwa pakona ya felemu, namwino anaika kachitsulo kaja napotokola, ndipo pa kupotokola kwachitatu kanagwira zolimba moti mzime anakakoka ndi manja awiri osakasuntha. Nsalu inatsika. M'chipindamo munada bii, masana dzuwa lili paliwombo.

Pabalaza anathira tiyi m'makapu asanu ndi limodzi, awiri mwa iwo obwereka kwa a landilodi. A Gogomole anamwa kamodzi, kumasula lumbiro la pa levulo, naimirira, kapu m'manja, kuti alankhule mawu otsekera nkhondo.

"Inu nonse mwasonkhana pano, ndi inu mibadwo yosabadwa! Lero mphira ndi thabwa zapsompsonana. Lero zatsimikizika kuti ngakhale chinthu chosafuna kuboola, pansi pa mtima chimafuna kalipentala. Pamene ndinagwira hamala koyamba, m'chaka chija cha..."

Analekeza pomwepo. Mayi a ana anali atawakoka ovolosi, akuloza ndi mlomo. Pampando wa pakona, namwino, Wobaya Mosaphethira, anali atagona, mutu utatsamira khoma losaboola lija, kapu ili chipendekere pamwendo. Mayi anachotsa kapuyo mwakachetechete. Mzime anamudzutsa pang'ono, namugwira mkono kumulowetsa m'chipinda cha mdima, ndipo onse anamva bedi likulira kamodzi kokha.

Mawu a zaka makumi anayi anali akadali pakhosi pa a Gogomole, ndipo anali mawu abwino. Anawameza. Ndiye Mliri wa Makoma, amene chibadwire anali asananong'onepo, anapereka lamulo lomaliza la nkhondoyo monong'ona:

"Vulani nsapato."

Gulu lonse linatsika masitepe makumi atatu ndi awiri ndi masokosi, monyang'ama, a landilodi atafumbata makiyi awo kuti asalire, wosoka nsapato atakumbatira nsapato za onse ndipo akuziyang'ana kunsi mwachisoni. Ndipo amene anadutsa mumsewu umenewo masana a tsiku limenelo amachitira umboni kuti anaona mkulu wina wa ovolosi, pensulo kukhutu, ataima pakati pa msewu mpaka dzuwa kupendeka, dzanja limodzi m'mwamba, chala china pamlomo, akuimitsa malole ndi mabasi mmodzimmodzi n'kuuza dalaivala aliyense kuti hutala akaimbire kutsogolo, pakuti pamwambapo mpongozi wake akugona.